Cholira Kuchipinda cha Agogo

Choyamba kusowa chinali ekisitenshoni ya kukhitchini. Amake mapasa anadzuka m'mawa kuti awiritse madzi paketulo, koma chingwecho panalibe, chonsecho madzulo ake anachisiya pamalo pake penipeni, kuseri kwa filiji. Anakalipira mapasa awo, atsikana awiri a ku pulayimale, anawo n'kulumbira mpaka misozi kuti sanachikhudze. Posakhalitsa inasowa fulashi imene munali zithunzi za ukwati. Kenaka foni yawo inayamba zachilendo: akaisiya pachaja pabalaza ili ndi bandulo yodzadza, m'mawa ankapeza bandulo itatheratu, foniyo ili yofunda ngati munthu wangoitula kumene m'manja.

Zinthu zimasowa m'nyumba iliyonse, ndipo akanatha kungozinyalanyaza. Koma zonsezi zinayamba mayi awo atangofika kumene. Agogowo anabwera kudzakhala nawo atatuluka m'chipatala, mwendo umodzi ukukwekwerezeka, ndipo anawapatsa chipinda chakumapeto kwa kolido, chogundana ndi kachipinda kosungiramo katundu. Amake mapasa atazindikira kuti masikuwo akugwirizana, anachita manyazi ndi mutu wawo womwe. Munthu sungawaganizire zotere mayi ako okubereka.

Usiku wina anadzidzimuka kutulo osadziwa chowadzutsa. Kunja kunali zii, ngakhale agalu a kwa aneba anali chete. Ndiye anachimva: pi, pi, pi, kamawu kowonda kochokera kumapeto kwa kolido. Pambuyo pake kunabwera kupuma, fuuu, kupuma kwakutali kokwera pang'onopang'ono, ngati chinthu chachikulu chikukoka mpweya osautulutsa. Kunafika pamwamba n'kuduka. Mdima unakhala chete kanthawi, mpaka mayiwo anayamba kukhulupirira kuti amalota, kenaka pi, pi, pi.

Anagwedeza amuna awo, amene anagona pambali pawo atatembenukira kukhoma.

"Bambo a mapasa, mukumva?" ananong'ona.

"Ndi makoswe amenewo, amayi. Gonani."

"Makoswe amapuma chonchi?"

Bambowo anadzuka, n'kuvala malaya mumdima momwemo. "Khomani chitseko. Musatuluke, zivute zitani. Ine ndikapemphere."

Ndipo ndani akanawakayika? Msewu wonse unkangowatcha Adikoni. Anali munthu woyenda ndi Baibulo m'khwapa ngakhale popita kukagula buledi, munthu amene anakathamangitsapo anyamata pakanyumba ka magemu kumsika, Lamlungu lake n'kulalikira thukuta lili kamukamu kuti magemu ndi msampha wa Satana. Amake mapasa anakhoma chitseko, n'kuthokoza Mulungu chifukwa cha mwamuna wolimba mtima.

Kuyambira pamenepo usiku uliwonse zinali zomwezo. Chinthucho chikalira, Adikoni ankatuluka, n'kubwerera kukuyera, mapazi atazizira. Amake mapasa ankatsala atatsamira khutu pachitseko. Nthawi zina ankamva mawu a mwamuna wachilendo, apansipansi, akulankhula chilankhulo chakunja mothamanga, n'kuduka, n'kuyambiranso mawu omwe aja, ngati munthu wobwereza lumbiro. Pansi pa chitseko pankadutsa kuwala kwa buluu, kukuthima ndi kuyaka. Ndipo usiku wina, pakati pa kupuma kuja, anamva mawu amene sakanawasokoneza ndi a wina aliyense padziko. Anali mayi awo, akunong'ona.

M'mawa anawayang'ana agogowo akumwa tiyi, manja onse awiri atagwira kapu. Funso linafika pakamwa, koma linali lonyansa moti analimezanso.

Amene amake mapasa anakawafotokozera zonsezi anali aneba, mayi wogulitsa mazira, ndipo kuuza mayi ameneyo kunali ngati kulengeza pa wailesi. Anebawo anaomba m'manja, n'kunena kuti nawonso akhala akuona moto wa buluu ukuthwanima pazenera lakuseri, amangoopa kunena. Sabata isanathe nkhani inali itamera miyendo. Ena ankati gogoyo sanadwale matenda a Mulungu, anagwa kumene ankauluka. Ena ankati Adikoni akulimbana ndi chinthu chowaposa mphamvu, taonani mmene athera. Ndipo zoona anali atatha. Maso anali psuu, kolala ya malaya inayamba kuwakulira, ndipo Lamlungu lina anawodzera paguwa pomwe abusa ali pakati pa pemphero. Wina akawafunsa ngati zonenedwa za apongozi awo zili zoona, iwo ankangoyang'ana pansi n'kuti, "Tizingopemphera."

Azimayi a kutchalitchi anabwera kudzachita mapemphero, n'kupempha kuti agogo akhale kaye m'chipinda mwawo. Mapasa, amene poyamba ankalimbirana miyendo ya agogo awo, anayamba kuwadutsa chapatali, msana utagunda khoma. Amake mapasa nawo anayamba tizinthu timene sankafuna kutitchula dzina. Agogo akalowa m'khitchini kuti athandize, iwo ankawalanda mpeni n'kuti, "Pumulani amayi, ndichita ndekha." Kapu ya agogo inapeza malo akeake pashelefu. Agogowo ankaona zonse, osanena kanthu, ndipo kukhala chete kwawoko kunkamuwotcha mwana wawo kuposa kutukwana.

Masiku omwewo mlongo wa amake mapasa, dalaivala wa mathiraki amene ana ankamutcha Amalume, anaimba foni banja lili patebulo. Anati akubwera kumapeto kwa mwezi kudzatenga bokosi limene anawasungitsa.

"Achemwali, makina anga a magemu aja ana asawagwire, chonde," anatero, mawu ake akumveka nyumba yonse. "Si wamba aja. Ndinakathyoletsa loko yake kwa injiniya kuti azisewera magemu okopera. Gemu yatsopano imalowa pa fulashi basi. Wina akangowalumikiza pa intaneti, iwo n'kufunsa kuti apange apudeti, iye n'kudina kuti inde, basi, afa amenewo."

"Ali pamwamba pa wodilopu mmene unawasiyira," anayankha amake mapasa. "Nyumba ya Adikoni ino, ndani angasewere zimenezo?"

Adikoni anatsamwa ndi madzi, n'kudzuka kupita panja kukatsokomola. Akazi awo anangoti ndi matenda omwe aja akukula, ndipo usiku umenewo anatsimikiza mumtima. Kutacha anakagogoda kuchipinda cha mayi awo, n'kuima pakhomo osalowa.

"Amayi, ndimati mwina mukapumeko kaye kwanu. Mpweya wa kuno sukukuyanjani. Zinthu zikakhala bwino tidzakutengani."

Agogowo anamuyang'ana mwana wawo. "Basi yake ndi ya liti?"

"Mawa m'mawa."

"Chabwino. Undipatseko chikwama changa chili m'mwambamo."

Usiku womaliza umenewo tulo sitinabwere. Chinthu chija chinalira, Adikoni anatuluka, ndipo amake mapasa anatsala ndi manyazi awo mumdima. Anaganiza kuti ngati akuthamangitsa mayi awo, ndi bwino aone ndi maso chimene akuwathamangitsira. Anatsegula chitseko pang'onopang'ono. Kolido inali yakuda bii, simenti ikuzizira kumapazi. Pabalaza, pamene ankayesa kuti amuna awo agwada, panalibe munthu. Anayenda atagwira khoma, kupuma kuja kukukula pa sitepe iliyonse. Chitseko cha agogo chinali chotsegula, bedi lili lokha, chikwama chomangamanga chili pamwamba pake. Koma kuwala kwa buluu sikunkachokera mmenemo, kunkatuluka pampata wa chitseko cha kachipinda ka katundu.

Anakankha chitsekocho ndi chala chimodzi.

Adikoni anali atagwadadi, koma osati kwa Mulungu. Patsogolo pawo, pamwamba pa katoni, panali kawailesi kakanema kakale, ndipo pambali pake makina a Amalume, fani yake ikufwenthera fuuu. Ekisitenshoni ya kukhitchini inali pansi, fulashi ya zithunzi za ukwati itabayidwa pamakinawo. Pa sikirini kamzere kankayenda pang'onopang'ono kulowera kumapeto. Ndipo pachidebe chovundikira panakhala agogo, atafunda bulangete, atanyamula foni ya mwana wawo m'mwamba kuti mkamwini aziona bwino mnyamata wakunja amene ankafotokoza pakanema.

"Wati musachotse chala pabatani mpaka makinawa alire kachiwiri, bambo," agogowo ankanong'ona. "Dzulo munafulumira."

Kamzere kaja kanatsala pang'onong'ono kufika, sikirini n'kuthima. Pi, pi, pi. Ndi m'kuwala kotsatira mmene Adikoni anaona akazi awo ataima pakhomo.

Munthu wamkulu akagwidwa amachepa msanga. Anayamba kufotokoza asanafunsidwe, maso ali pa simenti. Anati analitsegula bokosilo kalekale, kungofuna kuona chimene chimapengetsa anyamata, n'kupezamo gemu ya mpira. Ankasewera pabalaza anthu akagona, m'bokosi atayikamo mabuku akale a nyimbo kuti lizilemera. Apongozi atabwera, poti gogoyo sagona tulo, Adikoniwo anabisa makinawo muno. Ndiye chinawavuta n'chakuti osewera a m'gemumo anali a chaka chatha, ena ali m'matimu amene anachokamo. Analumikiza makinawo ku foni kuti abweretse atsopano, makinawo anafunsa funso, iwo n'kudina inde.

"Kuchokera tsiku limenelo angokhala chonchi, amayi. Amayaka okha, amathima okha. Pakanemapo akuti ukawazimitsa pakati ndiye waphereratu, ndiye ndimawasiya usiku wonse, mwina amaliza. Kwa injiniya ndingapite bwanji ine? Shopu yake yayang'anizana ndi kanyumba ka magemu kaja."

"Ndiye zithunzi zathu za ukwati?"

"Inafunika fulashi yopanda kanthu."

Amake mapasa anatembenukira kwa mayi awo. "Amayi, inu mumadziwa?"

"Usiku womwe makinawa anawonongeka. Ndimapita kuchimbudzi, ndinawapeza akulira. Anandigwira mwendo kuti ndisanene."

"Ndiye munalola anthu azikunenani zimene zija? Munalola ine ndikupatulireni kapu?"

"Ndikanatani, ndiwavule bambo a nyumba pamaso pa ana awo? Ndimati makinawa achira, nkhani ithera pomwepo." Agogowo anaika foni pakatoni, n'kudzuka movutikira atagwira khoma. "Za anthuwo sizinandipweteke, mwana wanga, sanayamwe bere langa. Ine ndimadikira iwe. Unafunsa aneba, unafunsa azimayi a kutchalitchi. Ine ndimakhala nawe patebulo tsiku lililonse, sunandifunse. Ukanangoti, amayi, usiku mumalankhula ndi ndani, ndikanakugwira dzanja n'kukubweretsa pano."

Amake mapasa anagwada pa simenti pomwepo, misozi ili chuchuchu, n'kuwapempha kuti asapite. Adikoni nawo anapepesa, ulendo uno akulira mosabisa. Koma agogowo anati chikwama chamangidwa kale, ndipo mafupa awo sangathe kumasula ndi kumanganso. Anangopempha chinthu chimodzi, kuti m'mawa mapasa adzawapatse moni wa m'manja.

Agogo anakwera basi ya m'mawa, msewu wonse ukusuzumira m'makatani. Madzulo ake Adikoni anazula pulagi, n'kubwezera makina akufawo m'bokosi. Analonjeza akazi awo kuti anena zoona kwa anthu, angopeza kaye mpata wabwino. Usiku umenewo m'nyumbamo munali bata la mtundu wina, lopanda kulira, lopanda kupuma, lopanda kuwala pazenera. Amake mapasa anagona chagada maso ali gwa, ndipo pakati pa usiku anazindikira chimene batalo likuuza msewu wonse. Anamva kuzizira kumene chinthu chija sichinawamvetsepo.

Kutacha, akusesa pakhonde, Adikoni akupukuta nsapato pampando, aneba a mazira anasuzumira pampanda nkhope ili mwee.

"Mwaonatu, anzanga! Achoka dzulo, usiku wonse zii! Ine ndinachita kudzuka kukayang'ana pazenera paja, mdima wokhawokha. Mwalimba mtima, mayi, ena sakanatha. Mulungu ndi wabwino!"

Amake mapasa anasiya kusesa, n'kuyang'ana amuna awo. Mpata wabwino uja unali utabwera wokha mpaka pampanda. Adikoni anaweramira nsapato yawo, n'kuipukuta pamene panali powala kale.

"Nthawi zonse," anayankha motsitsa.

Anebawo anatembenukira kwa amake mapasa, akudikira kuti nawo avomereze. Mayiwo anatsegula pakamwa. Anaganiza za guwa la kutchalitchi, za mapasa kusukulu, za anyamata a kumsika mmene angasekere. Anaganizanso za mayi awo, amene nthawi imeneyo anali akudzuka okha m'nyumba yozizira, akukoka mwendo kupita kukasonkha moto. Mawu onse anali okonzeka palilime.

"Ameni," anatero, n'kupitiriza kusesa.