Mphindi Imodzi ya Bata

Madzulo amenewo Anselme anadya buledi ndi tchizi ali chiimire, n'kunyamula makina ake ojambulira mawu kupita ku katchalitchi kakale kunja kwa Paris. Thupi linali litakana kale. Filimu inali itatha, kunangotsala kujambula mphindi imodzi ya bata la m'katchalitchimo, yoika pakati pa mawu. Bambo Vauclair, mwini filimu, nyimbo sankazifuna. Ankati Mulungu amamveka anthu akatseka pakamwa.

Akatswiri a zisudzo sankawafunanso. Léonie, mayi amene anasewera mufilimuyo, anachita kumutola kochapira zovala, ati chifukwa cha manja ake ong'ambika. Anamugwaditsa pamiyala yozizira ya m'katchalitchimo tsiku lathunthu, akubwereza mawu omwewo: "Ndatopa, Ambuye." Iwo yankho linali limodzi: "Bwerezani, mayi. Osaikamo mtima." Kutada, mkuluyo anangovala chipewa n'kutuluka, osanena n'komwe ngati zakhala bwino. Milungu itatu isanathe, chibayo chinamutenga Léonie.

Anselme anayatsa makina, n'kuvala zomvera m'makutu. Magalimoto anamusokoneza mpaka pakati pa usiku. Kenako kunja kunati zii.

Nsalu inakhwekhwereza pamiyala. Mawondo anagunda pansi.

"Ndatopa, Ambuye."

Anavula zomverazo. Mipando yokhayokha. Anavalanso.

"Ndatopa, Ambuye."

Mawu a Léonie, ouma, opanda misozi, ndendende mmene abwana ankafunira. Mantha anamugwira, koma manyazi anaposa. Tsiku lija iye anali pomwepo atagwira maikolofoni, akumva mayiyo akutsokomola, ndipo sanatsegule pakamwa. Anawerenga kubwerezako mpaka maulendo makumi anayi. Kenako mawuwo anatsika.

"Bambo, pano zili bwino?"

"Zili bwino, mayi," anatero Anselme. "Dzukani, kapumeni."

Wina anausa moyo. Mapazi analowera kukhomo pang'onopang'ono. Bata limene linatsala, Anselme anali asanalimvepo pa zaka makumi awiri za ntchitoyi. Analijambula, misozi ili mbwembwembwe.

M'mawa Bambo Vauclair anamvetsera tepi yonse atatsinzina. Mawu a Léonie munalibe. Munali mpweya wa m'katchalitchi, mawu a Anselme, kenako mphindi ija, yoyera bwino.

Mkuluyo anatsegula maso.

"Anselme, anakupatsani ndani mphamvu yonena kuti zili bwino? Wonena zimenezo ndine." Anatola chipewa chake. "Mupitenso usiku uno. Mukawauze mayiwo abwereze."