Kamtedza, Munthu Amene Anachotsedwa M'maso

M'masiku a makolo, m'chigwa chozingidwa ndi mapiri munali dziko lotchedwa Thandwe. Anthu ake sankamanga mipanda m'malire a minda yawo, ndipo mafumu awo sankavala chizindikiro chilichonse cha ufumu. Chimene chinkagwira dzikolo chinali chiphunzitso cha Apenyi, akuluakulu amene ankasunga nzeru za mtunduwo. Iwo ankaphunzitsa kuti chinthu chimene waona munthu mmodzi yekha n'chofooka ngati loto, koma anthu ambiri akachiyang'ana pamodzi n'kuvomerezana, chimalimba n'kukhala choona. Malire a munda ankakhalapo chifukwa mudzi wonse unayendapo n'kuwaona. Mfumu inkakhala mfumu chifukwa pa tsiku loilonga, khamu lonse linatembenuzira nkhope kwa iyo.

Mfumu yakale itamwalira, ana awiri a alongo ake anaimirira pabwalo: Tsokalida ndi Kamtedza. Maso ambiri anapita kwa Tsokalida. Kamtedza, amene anali katswiri wa nkhondo, sanapirire manyaziwo. Anasonkhanitsa omutsatira, natentha nkhokwe za ku likulu, koma anagonja n'kugwidwa.

Ku Thandwe sankapha munthu wa magazi achifumu. Mdzeka, mkulu wa Apenyi, anagamula chilango choposa imfa, chotchedwa kuchotsa m'maso. Kuyambira tsiku limenelo panalibe woyenera kumuyang'ana Kamtedza, kumuyankha kapena kutchula dzina lake, ndipo wophwanya lamulolo ankachotsedwa m'maso nayenso. Anthu anamulirira maliro iye ali chiimire pomwepo. Mkazi wake anametedwa monga wamasiye. Poyamba Kamtedza ankakuwa m'njira ndi kugwira anthu m'mapewa, koma iwo ankangodutsa ngati akodwa ndi kamtengo. Pambuyo pake anatopa, nakamanga msasa pafupi ndi mpata wa phiri, n'kumadya nyama za m'misampha.

Zaka zinapita. M'chilimwe china, ali kusaka kuseri kwa mpatawo, anaona utsi wochuluka. Anali Agoloma, mtundu wa kumpoto wogwira anthu ukapolo, atamanga misasa kudikira anzawo kuti alowe m'chigwa. Azondi awo anamulasa paphewa, koma anapulumuka, nathamanga mpaka ku likulu.

Anafika dzuwa lili paliwombo, bwalo litadzaza, anthu akukamba za madambo odyetserako ng'ombe. Analowa pakati penipeni, magazi akutsika ndi mkono.

"Agoloma ali kuseri kwa mpata!" anafuula Kamtedza. "Ndidaneni ngati mukufuna, koma tengani mikondo!"

Palibe anadzutsa mutu. Nduna imene inkalankhula inadodoma pang'ono, kenaka inapitiriza za ng'ombe. Mfumu Tsokalida inayang'ana zala za kumapazi kwake. Onse anamva, koma aliyense ankaopa kukhala woyamba kuvomera kuti wamva.

Pakati pa amayi panali Nachisale, mlongo wake wa Kamtedza wa bere limodzi, mayi wa ana ang'onoang'ono. Iye anaimirira, nadutsa pakati pa amuna, nang'amba nsonga ya nsalu yake n'kumanga balalo.

"Alongo anga, a Kamtedza," anatero mokweza, "khalani pansi, mwataya magazi ambiri."

Bwalo linaphulika phokoso. Mdzeka anakweza ndodo yake mpaka anthu anakhala chete.

"Mfumu, ndi inunso eni dziko," anatero Mdzeka, "mayi uyu akulankhula ndi mphepo, ndipo chilango chake mukuchidziwa. Musandiyese wouma mtima. Maso amene anachotsa munthu uja ndi omwewo amene anaika mfumu pampando, ndi omwewonso amene anaika malire a minda yanu. Tikanena lero kuti tinalakwa kuona, mawa wina adzati mfumu si mfumu, ndipo munda wa mnzake ndi wake. Dziko lathu lilibe chipilala china koma kugwirizana kwa maso."

Ambiri anavomereza ndi mitu, pakuti mawuwo anali olemera. Nachisale anagwada moyang'ana mfumu, koma dzanja lake silinachoke paphewa la mlongo wake.

"Ine sindinaphunzire kwa Apenyi," anatero, "koma chiphunzitso chawo ndinakulira momwemo, ndipo sindikuchikana. A Mdzeka, mumati chimene ambiri aona chimalimba. Nanga Agoloma alibe maso? Iwo ali paphiripo, ndi ambiri, ndipo agwirizana kale. Akayang'ana kuno sakuona mfumu kapena malire. Akuona akapolo, akuona ana anga ali m'magoli. Ife tikapitiriza kuyang'ana pansi, dziko limene likhalepo mawa ndi limene akuona iwowo. Ndichotseni m'maso ngati n'koyenera, koma yambani mwayang'ana magazi awa n'kundiuza kuti atuluka mwa yani."

Anthu onse anadikira mfumu, chifukwa ndiyo inali ndi chotaya chachikulu. Kumuona Kamtedza kunali kuukitsa munthu amene anafuna mpando wake.

Kenaka Tsokalida anaimirira, natsika pabwalo, nayang'ana Kamtedza m'maso.

"Mbale wanga," inatero mfumu, "alipo ochuluka bwanji?"

Kamtedza, munthu amene sanalire tsiku la maliro ake omwe, analira pamenepo ngati mwana. Atadzigwira anati, "Ngati dzombe, mfumu. Koma mpatawo ndi wopapatiza. Tikafika pamwamba iwo asanalowe, kuchuluka kwawo sikuwathandiza."

Pamenepo nkhope zinadzuka, mzere ndi mzere, mpaka bwalo lonse linamuyang'ana. Womaliza anali Mdzeka. Mkuluyo anamuyang'ana nthawi yaitali, natsitsa ndodo yake, nati, "Kamtedza alipo. Imbani ng'oma ya nkhondo."

Amuna a Thandwe anakwera mapiri a mbali zonse ziwiri za mpata, amayi akuwathandiza kuunjika miyala. Agoloma atalowa m'malo opapatizawo, miyala inagubuduzika pa iwo, ndipo mivi inatsatira. Kamtedza, ndi mkono umodzi wokha wogwira, anatsogolera gulu limene linatseka njira ya kutsogolo, mfumu ili pambali pake. Adaniwo anabwerera kumpoto atasiya zishango ndi magoli awo, ndipo sanaponderenso m'chigwamo m'masiku a mbadwo umenewo.

Nkhondo itatha, Apenyi anasonkhana kwa nthawi yaitali. Chiphunzitso chawo sanachitaye, koma Mdzeka mwini anawonjezapo mfundo imene zidzukulu za Thandwe zinaisunga: popeza maso a anthu amamanga dziko, kukana dala kuona chimene chilipo ndi kugumula dziko. Chilango cha kuchotsa m'maso chinathetsedwa. Kamtedza anabweza ndi thukuta lake nkhokwe zimene anatentha, nakhala mlonda wamkulu wa mpata mpaka ukalamba, ndipo ufumu wa Tsokalida unalimba kuposa kale.

Nachisale anakhala ndi moyo zaka zambiri, ndipo Apenyi ankabwera kudzafunsa nzeru kwa iye. Tsiku lina mmodzi wa iwo anamufunsa kumene anatenga mphamvu yoona munthu amene dziko lonse silinkamuona.

Mayiyo anaseka pang'ono nati, "Mphamvu yanji? Ndinkawaona masiku onse, monga mmene ankawaonera wina aliyense. Tsiku lija ndinangoleka kunama."