Mpando wa Pazenera

Kavata anasowa pobisa nkhope tsiku limene bambo ake, a Mutinda, anatulukira pakhomo la kalasi, ndodo yoyera ili m'manja, magalasi akuda ali kumaso.

"Aphunzitsi, pepani," iwo anatero. "Ndamva kuti mwana wanga mwamukhazika pazenera. Chonde, mumuchotsepo."

Kalasi yonse inafa ndi phwete. Aphunzitsi sanafunse zambiri, anangomusamutsira pakona ya kumbuyo. Koma Odhis, mnyamata wa pakamwa posatseka, akanalekerera ngati?

"Dzira, samala! Mphepo ingakuswe!"

Dzina linamera pomwepo, ndipo Kavata analusa koopsa. M'mawa uliwonse ankawagwira mkono bambo akewo kukawakweza matatu, minibasi yopita m'tauni, kumene ankagwira ntchito yoyankha mafoni. Kuyambira tsikulo ankangodzuka n'kuthawa, kuwasiya akupapasa okha ngalande za kwawo ku Kayole. Ankadziwa kuti anachita khungu pa bomba limene zigawenga zinaphulitsa mu Nairobi mu 1998, iye asanabadwe. Nanga zimenezo zinkakhudzana bwanji ndi mpando wake? Pakhomo pawo nkhaniyo sinkakambidwa.

Lachisanu lina teyala la lole linaphulika kuseri kwa mpanda wa sukulu. Phuu! Ana onse anaunjikana pazenera, Kavata ali patsogolo, mphuno itagunda galasi.

Madzulo anawauza mayi ake, amene ankadula ndiwo zamasamba za sukuma, mokweza dala kuti bambo amve.

"Woyamba kufika pazenera ndinali ine. Ndafa kodi?"

Kapu ya tiyi inagwa pansi. A Mutinda anadzambatuka n'kugunda tebulo, manja ali patsogolo kumufunafuna. Atamupeza anayendetsa zala pachipumi, pazikope, m'masaya.

"Mayi a Kavata, tandiyang'anireni! Maso ake ali bwino?"

"Linali teyala chabe, Ababa," anatero Kavata, mawu atatsika.

"Ifenso tinkati ndi teyala." Anakhala pansi pang'onopang'ono, osamusiya dzanja. "Kunayamba kaphokoso kakang'ono kunja. Tonse mu ofesi tinathamangira pazenera kukaonerera, tikuseka, ine patsogolo. Kenako bomba lenileni linaphulika, magalasi onse n'kuthera kumaso kwathu. Mnzanga Wafula, amene anaima pambali panga, sanadzukenso."

Mayi anasiya mpeni.

"Mwanawe, nkhope yako sindinaionepo. Ndimangomva anthu akuti unatenga maso a malemu amayi anga. Ndilole ndiwasunge, ngakhale anzako andiseke."

Kavata anawavula magalasi aja n'kuyang'anitsitsa zipsera zimene ankazithawa moyo wake wonse. Anakumbukira m'mawa wina atawaona akubwera ndi matope mpaka m'mawondo, iye n'kukhota njira, ndipo analira ngati kamwana.

Lolemba anawagwira mkono. Pokwerera matatu anakumana ndi Odhis ali ndi gulu lake.

"Eee, Dzira lero lili pa ntchito!"

Kavata sanausiye mkonowo.

"Ababa, kutsogoloku kuli ngalande, lumphani. Kutsidya kwake kwaima mnyamata wa makutu ngati mbale."

A Mutinda anaseka mpaka kutsokomola, gulu lija nalo n'kumutembenukira Odhis.

"Nanga kumwamba kuli bwanji lero, mwana wanga?"

Kavata anakweza maso. Anayang'ana nthawi yaitali, mofatsa, poti ankayang'anira anthu awiri. Kenako anayamba kuwafotokozera.