Mkazi wa pa Kavalo

Malita ankapukuta galasi la chithunzicho ndi kansalu pang'onopang'ono, kuyambira m'makona. Chinali pakhoma m'nyumba ya a manijala, pa esiteti ya fodya kufupi ndi Lisasadzi, pomwe iye ankagwira ntchito. Mzungu wakale anachisiya pomwepo: linga likuyaka moto, asilikali a malupanga, ndi mkazi wolefuka akukwezedwa pa kavalo.

Apa ndi pomwe Lucious, kalaliki wa kushedi, anamupeza tsiku loyamba.

"Achemwali, mukumuona msilikaliyo? Ndine ameneyo," anatero. "Moto utabuka, inuyo ndingakunyamuleni chomwecho."

Malita anangozolika. Nkhani ya chithunzicho ankaidziwa, anaiwerenga m'buku lina lakale ali Fomu 2. Koma munthu womwetulira chotero akanamutsutsa bwanji?

Kuyambira pamenepo, Lucious akabwera kudzaonana ndi bwana ankasiya kakalata kuseri kwa chithunzicho. "Duwa langa, dzulo ndasokoneza magiredi a fodya chifukwa choganiza za iwe."

Itafika kalata yomuitana ku koleji ya aphunzitsi, Malita anamuonetsa. M'mawa mwake anapeza yankho: "Usandisiye, mtima wanga. Fodya akangopita ku okushoni, amalume akubwera kwanu."

Sanapite. Tsiku lokayamba sukulu linadutsa iye akusita malaya a bwana. Fodya anapita ku okushoni. Amalume sanaoneke.

Lero m'mawa pakhomo la khitchini panafika mayi wina, fumbi mpaka m'nsidze.

"Odi! Ndigawireniko madzi akumwa, achemwali. Ndine Dorika, ndachokera ku Chamama. Tikiti ndinaiwala kunyumba, ndiye anandikaniza kukwera basi, ndachita kukwera thirakitala." Anamwa, n'kupukuta pakamwa. "Kushedi n'kuti? Ndikufuna amuna anga, a Lucious."

Malita analoza ndi chala.

Tsopano dzuwa linali paliwombo, ndipo galasi lija analipukuta kale kanayi. Anamva nsapato kumbuyo kwake.

"Duwa langa, tandimvera," anatero Lucious motsitsa mawu. "Ukwati umene uja anandikakamiza makolo. Wapamtima ndiwe. Ungondipatsa chaka chimodzi."

Chaka china? Anzake anali atayamba kale kuphunzira kulemba pa bolodi!

Malita anapisa dzanja kuseri kwa chithunzi, natulutsa timakalata tonse. Tinali khumi ndi tinayi. Anatiika m'manja mwa Lucious, ndipo kwa nthawi yoyamba anamuyang'ana m'maso.

"Buku la chithunzichi ndinaliwerenga, a Lucious. Msilikaliyo sakumupulumutsa mkaziyo ayi. Akumuba."

"Malita..."

"Ndinadziwa tsiku loyamba lomwe, koma ndinachita manyazi kukuuzani. Malo anga ku koleji anapatsa wina. Ndilibe kolowera, mawa mudzandipeza pompano ndi kansalu komweka." Anapinda kansaluko. "Koma musadzanditchulenso duwa. Pitani, akazi anu ayenda mtunda wautali."