Maswiti Obiriwira a Leah

"Amayi, ndikadya atatu pakamodzi, ndingauluke mpaka ku Bvumbwe?"

Anafunsa choncho ndi Mwai, kamtsikana ka zaka zisanu ndi chimodzi, amake akumusambitsa kuseri kwa nyumba madzulo a Lachiwiri. Amake Mwai anali atangoweruka kothyola tiyi, msana ukuwawa, ndipo poyamba sanalabadire.

"Atatu chiyani?"

"Maswiti. Obiriwira ndi oulukira. Ofiira ukadya, anthu sakuona." Mwanayo anadzigwira pakamwa. "Koma anati ndisauze munthu. Ukaulula, mphamvu zake zimatha."

Sopo anawapulumuka amake Mwai m'manja.

"Wakupatsa ndani zimenezo?"

"Ndimakadyera kwa amake Leah."

Mwanayo sananame. Ankadyeradi kunyumba imeneyo, kungoti sanatchule dzanja limene linkamupatsa.

Nyumba ziwirizo zinali mumdadada umodzi pakompaundi ya esiteti, khoma lokha ndilo linkazilekanitsa. Amake Leah anali mayi wamasiye wochokera kwa Changata. Kwa zaka zisanu iwo ndi amake Mwai ankalawirira limodzi kumunda, madengu ali kumsana, ndipo mchere ukathera kwina unkapezeka kwinako.

Mwana wawo Leah anali mu Fomu 1. Kulaibulale ya kusukulu anabwerekako buku lothothoka chikuto, lonena za dziko losakhalako, kumene mayi wina ankaphika maswiti odabwitsa: ena ouluka nawo, ena obisa munthu. Leah analiwerenga katatu. Kenako anayamba kuyesera, amake ali kuntchito. Ankasungunula shuga m'chiwaya pambaula, n'kufinyiramo ndimu. Kuti afiire ankathiramo madzi a chidede, kuti abiriwire ankasinja nsonga zanthete za tiyi. Akalimba pang'ono ankathira patsamba la nthochi lopaka mafuta, n'kudula timabenthu. Ulendo woyamba anapsereza zonse. Ulendo wachitatu maswiti anatuluka owala ngati galasi.

Koma maswiti otere sakoma kudya wekha. Mwai ankakonda kusewera pakhonde pawo, ndipo Leah anamupatsa pamodzi ndi nthano yake yonse. Za chinsinsi anazitenga m'buku momwemo, komanso zinkamuthandiza, chifukwa shuga anali wotapa mobisa.

Amake Mwai sanagogode pachitseko cha anzawo madzulo amenewo. Mantha anawagwira, ndipo ndani angawanene? Anali atamvapo nkhani za ana ophunzitsidwa ufiti, ndipo nkhani zonsezo zinkayamba ndi chakudya chopatsidwa mobisa. M'mawa mwake anapita kumpopi n'kunong'oneza mayi mmodzi, kungofuna kumva maganizo. Pofika masana, anthu akuyeza tiyi pasikelo, nkhani inali itamera miyendo.

Lachinayi amake Leah anadabwa kuona kuti akaika dengu lawo pamzere, ena akusuntha awo. Mayi wina wolimba mtima ndiye anawauza maso ndi maso.

"Maswiti?" anafunsa amake Leah. "Ine ndiphike maswiti? Nthawi yake ndiitenga kuti, ndikuswera muno ndi inu?"

"Nanga mwana anganame?" linatero liwu lina kumbuyo. "Paja amuna awo aja anangogwa osadwala."

Atafika kunyumba anakhala pakhonde osavula nsapato zakumunda.

"Leah, ukudziwapo kanthu pa za maswiti zikunenedwazi?"

Leah anali atabisa kale chiwaya chija mumpanda wa maluwa. Tsiku limenelo kusukulu anyamata anali atamuzungulira pachipata. "Iwe mwana wa pailoti, ndege inyamuka nthawi yanji lero? Uwauze amayi ako atitengeko ku Joni, tilibe pasipoti!" Onse anaseka, ngakhale mnzake wokhala naye desiki limodzi. Ngati ankamutero pomuganizira kuti ndi mwana chabe wa mwini nkhani, nanga akadziwa kuti wophikayo ndi iyeyo?

"Ayi, amayi," anayankha akuyang'ana pansi. "Sindikudziwapo kanthu."

Anadziuza kuti nkhani za pakompaundi sizikhalitsa, pofika Lolemba anthu adzakhala atapeza ina.

Lachisanu kunagwa chiperoni. Nkhungu inaphimba minda ya tiyi mpaka nyumba yapafupi inkaoneka ngati mthunzi. Cha m'ma 4 koloko mwala unagwa padenga la malata, kenako wina, kenako yambiri. Leah anabisala kuseri kwa chitseko. Amake anatuluka, manja ali m'mwamba.

"Ana inu, ndakulakwirani chiyani? Bwerani tikambe!"

Mwala wotsatira sunafike padenga. Unawapeza pamwamba pa diso lamanzere. Oponyawo anathawira m'nkhungu, ndipo mpaka lero palibe anawatchula maina. Kuchipatala anawasoka malo anayi. Namwino anati chikhala kuti mwalawo unatsika pang'ono, diso likanapita.

Loweruka m'mawa pakompaundi panali zii. Amake Mwai, amene ankasunga Sabata, anadutsa ndi mwana wawo kupita kutchalitchi, nkhope atalozetsa kwina. Amake Leah anawaona pawindo ndi diso limodzi lotsekukalo.

"Chimene chikundiwawa si balali," anatero motsitsa. "Ndikanangodziwa chimene ndinawalakwira amake Mwai."

Leah anatuluka. Anabwera ndi chiwaya chodetsedwa ndi shuga wopserera, ndi buku lija, n'kuziika pamphasa. Anagwada n'kufotokoza zonse, mawu akudukaduka.

Amake anatembenuzatembenuza chiwayacho m'manja.

"Shuga ndinkamuona kuti akuchepa," anatero potsiriza. "Ndinkati mwina ndine ndikuthira wambiri. Za shugayo ndikanakukalipira tsiku limodzi, n'kutha. Koma Lachinayi ndinakufunsa, mwana wanga. Ndinakufunsa."

Leah akanakonda kuti amukwapule. Mawu amenewo analibe pozembera.

Lamlungu m'mawa Leah anakoleza mbaula pabwalo, pafupi ndi mpopi, pamene aliyense akanaona. Anayenda yekha khomo ndi khomo kuitana anthu. Ena anamutsekera chitseko. Ena anabwera n'kuima patali, manja atapinda. Amake Mwai anabwera pomalizira, atagwira mwana wawo dzanja mwamphamvu.

"Wopanga maswiti aja ndine," anatero Leah. "Amayi sankadziwa. Ndichita zonse muli pompano, muone zimene zimalowamo."

Anathira shuga, anafinya ndimu, anasinja nsonga za tiyi. Anadziwotcha chala, koma sanasiye. Podikira kuti maswiti azizire, anatsegula buku n'kuyendetsa kuti anthu aone chithunzi cha ana akuuluka pamwamba pa madenga, ndi chidindo cha sukulu patsamba loyamba.

"Ndiye mankhwala ake ndi tiyi yemweyu?" anafunsa bambo wina wachikulire. "Ine ndamuthyola zaka makumi awiri. Bwenzi ndili ku Ulaya pano."

Anthu ochepa anaseka, kuseka kwa manyazi. Amake Leah anadzuka pampando, bandeji ili pamphumi, n'kutola maswiti obiriwira atatu. Anawatafuna onse pamodzi, n'kuima chilili pakati pa bwalo.

"Ndauluka?"

Anayankha ndi Mwai.

"Simungauluke! Mwaulula!"

Leah anagwada pamaso pa kamwanako. "Mwai, ngakhale usaulule, sungauluke. Ndi shuga chabe. Zija ndinazitenga m'buku, ndipo ndinakunamiza."

Mwai anamuyang'ana n'kubisa nkhope m'chitenje cha amake. Sanadzakhalenso pakhonde la Leah kufunsa nthano.

Anthu anabalalika mmodzimmodzi. Ena popita ankanong'onezana kuti pamaso pa anthu mfiti singaike zonse mumphika. Leah anawamva. Anazindikira kuti chimene akanachizimitsa Lachinayi ndi mawu awiri, tsopano sichikanazimanso ndi chiwaya chonse cha maswiti. Anatola mbaula n'kukaima pakhomo.

Pabwalo panatsala amayi awiri aja. Amake Mwai ankayang'ana bandejiyo, kenako pansi, kenako bandejiyo.

"Amake Leah, ine mwala sindinaponye."

"Ndikudziwa."

"Koma ndine ndinautola." Anapukuta maso ndi nsonga ya chitenje. "Khoma limodzi lokha, anzanga. Ndikanangogogoda."

"Mukanagogoda," anavomera amake Leah. Sananene mwaukali. "Mwana ndi mwana, ine ndikanachitanso mantha. Koma mukanagogoda."

"Chipseracho chitha?"

"Akuti chikhala."

Amake Mwai anapuma mozama. "Zimene ndinamwaza kumpopi sindingazitole zonse. Koma mawa 5 koloko ndidzaima pakhomo panu ngati kale. Pasikelo dengu langa lidzakhala pambali pa lanu, ndipo wosuntha lake adzayambe wamva za ine. Ndidzatero tsiku lililonse mpaka anthu atatopa."

"Angatope mochedwa."

"Ndidikira."

Amake Leah anayang'ana mwana wawo ali pakhomo ndi chala chake chotupa, kenako anatembenukira kwa anzawo.

"Chabwino. Inenso ndikulonjezani ichi: ndikadzamva kanthu za kunyumba kwanu, kaya n'koopsa bwanji, khomo loyamba kulimva lidzakhala lanu, osati mpopi."

"Inenso chimodzimodzi," anatero amake Mwai, n'kutambasula manja onse awiri.