Musathire Mafuta, Amalume!

Uyu ndi Kanyerere. Dzinali anamupatsa ndi amalume ake, chifukwa sakhala pansi.

Koma masiku ano Kanyerere wakhala pansi. Adokotala anamuveka chitsulo kumwendo. Akuti mwendowo uwongoke.

Chitsulocho chimalira. Akaponda, kwii! Akapondanso, kwii!

Kanyerere akufuna kusewera ndi anzake. Koma akuopa kuti amuseka. Amangowasuzumira pawindo.

Loweruka masana, amalume anabwera. Amalumewo amakonza njinga. Manja awo anali bii ndi mafuta.

"Amalume, chitsulochi chikundichititsa manyazi," anatero Kanyerere.

"Mawa ndidzachithira mafuta," anatero amalume. "Chidzangoti zii. Koma lero tiye tionere kanema."

Anakhala pampando. Filimu inayamba.

Chilombo chinatuluka pansi pa nthaka. Chinali chachitali kuposa nyumba zosanja. Chinabangula. Anthu anathawa liwiro la mtondo wadooka.

Amalume, ndi ndevu zawo zonsezo, anabisa nkhope!

Kenako kunabwera chiloboti. Mutu wachitsulo. Manja achitsulo. Miyendo yachitsulo. Sichinkathamanga. Chinkayenda pang'onopang'ono.

Di! Kwii! Di! Kwii!

Kanyerere anatong'ola maso.

"Amalume, tamvani! Chikulira ngati ine!"

"Eya," anatero amalume. "Nachonso sanachithire mafuta."

Chiloboti chinagwira chilombo. Chilombo chinagwa, khu! Anthu onse anaomba m'manja. Palibe amene anaseka miyendo ya chiloboticho.

M'mawa mwake, ana ankasewera panja. Nawonso ankakonda mafilimu a zilombo. Mmodzi anavala katoni kumutu.

"Ndine chilombo!" anakuwa. "Ndikudyani nonse!"

Ana anathawa uku ndi uku. Wowapulumutsa panalibe.

Kanyerere anaima pakhomo. Anaponda kamodzi. Kwii!

Ana onse anaima. Onse anayang'ana mwendo wake. Kanyerere anafuna kubwerera m'nyumba. Koma anakumbukira chiloboti chija. Anapondanso mwamphamvu.

Di! Kwii! Di! Kwii!

"Chiloboti chafika!" anafuula kamwana kena. "Tapulumuka!"

Kanyerere anagwira katoni ija. Chilombo chinagwa, khu! Ana onse anaomba m'manja.

"Tiyambirenso!" chinatero chilombo, chikusasa fumbi. "Kanyerere, usachoke!"

Anayambiranso. Anayambiranso. Kanyerere anasangalala kwambiri.

Posakhalitsa amalume anafika. Ananyamula kabotolo ka mafuta.

"Bweretsa mwendo, mtsikana wanga," anatero.

"Ayi! Musathire mafuta, amalume!"

"Bwanji? Dzulo unkati chikukuchititsa manyazi."

"Chiloboti chopanda phokoso si chiloboti."

Amalume anaseka mpaka misozi. Amayi nawo anaseka ali pakhomo.

Kanyerere anawakumbatira amalume. Diresi yake inada ndi mafuta. Amayi sanakalipe.

"Zikomo, amalume," anatero Kanyerere. "Zikomo pondionetsa mnzanga uja."

Kenako anabwerera kwa anzake.

Di! Kwii! Di! Kwii!