Ambulera ya Thandizo

Ambulera ya Thandizo inali yotchinga dzuwa. Khungu lake lachialubino silinkachedwa kupsa, ndiye boma litamutumiza kukagwira ntchito ku Mzuzu, anakondwera ndi mitambo yakumeneko. Koma mvula ya ku Mzuzu siodira. Tsiku lina pa depoti inangoti khuthu! Mtsikana wina anathamangira mu ambulera yake.

"Yewo chomene, achimwene! Ndine Keziya. Musandithamangitse, tsitsili ndamangitsa dzulo."

Thandizo anazolowera kuti mu minibasi mpando wapambali pake uzidzaza pomalizira. Koma uyu anamugwira mkono mpaka ku Katoto. Mtima ukanalimba bwanji?

Mameseji anayamba kuwuluka.

"Mtambo wanga, wadzola mafuta ako a dzuwa?"

"Ndadzola, duwa langa. Nanga kwanu ndibwera liti?"

"Posachedwa, wapamtima. Ndikulonjeza, ndidzakugwira dzanja pamaso pa mama, n'kunena kuti mwamuna wanga ndi uyu."

"Posachedwa" ameneyu anadya miyezi isanu ndi itatu. Mnyamata anangoti kuona maso a nkhono n'kudekha.

Loweruka lina Keziya anadwala malungo. Thandizo anagula malalanje, n'kukwera njinga yamoto kupita ku Msongwe osamuuza.

Pakhonde panali mayi ake a Keziya pamodzi ndi Dinah, mkulu wake wa Keziya, yemwe anali woyembekezera. Dinah atangomuona anakoka bulauzi n'kulavulira pachifuwa pake, akuti kuopa kuti mwana wam'mimbayo angabadwe ngati mlendoyo. Thandizo sanadabwe. Malovu otere anayamba kuwaona ali mwana kwawo ku Dedza. Iye ankadikira Keziya basi.

Keziya anatuluka atafunda chitenje.

"Mbanjani aŵa?" mayiwo anafunsa m'Chitumbuka, akuloza mlendoyo ndi mlomo.

Thandizo anatambasula dzanja pang'ono. Keziya anayang'ana pansi.

"Ndi a kuntchito, mama. Awatuma kudzandizonda."

A kuntchito! Ngakhale dzina lake sanalitchule.

"Yewo, adada," anatero mayiwo. "Zipatsozo ingoikani pansi pomwepo."

Anaziika pansi. Asanafike n'kumsewu komwe, foni inalira.

"Pepa chomene, mtambo wanga. Mama ali ndi BP, sakanazimvetsa. Ndipatse nthawi."

Thandizo anaima pakati pa njira, misozi ikumutchinga maso, n'kulemba: "Malovu ngati a Dinah ndinawazolowera, Keziya. Chandipweteka ndi dzanja lako lomwe unalibisa m'chitenje."

Patha miyezi itatu tsopano. Nambala anaifufuta, koma mutu ukukana kuiiwala. Amamusowa Keziya, amamusowa koopsa, ndipo amadzikwiyira pomusowa chonchi. Kodi munthu amene wakukana pamaso pa mayi ake umamuyembekezeranso chiyani?

Dzulo mvula inakhuthukanso pa depoti. Thandizo anayenda yekha mpaka ku Katoto, n'kufika phewa lakumanzere litanyowa. Njira yonse ambulera anaipendeketsera kumanja, kumene kunalibe munthu.